Chitenge cha Chipani Chakale

Polowa chaka cha 2000 mwana wanga woyamba anali akadali wa kumsana. Fakitale ya nsalu kumene amuna anga ankagwira ntchito inali itaima, ine n'kuyamba kugulitsa matimati a ku Shimabala pamsika wa ku Estates. Mtima sunkakhala m'malo. Masitima achepa, anzathu akusamuka, amuna anga m'mawa uliwonse ulendo wa ku Lusaka kukafuna ganyu. Tebulo limenelo ndilo linkatidyetsa.

Ndinkaberekera mwana chitenge chimene bambo ake anabwera nacho kufakitale kalekale, chokhuthala, chogwira mfundo. Vuto lake linali limodzi: chinali ndi nkhope ya mtsogoleri wa chipani chimene chinachoka m'boma.

Tsiku lina anaima patebulo panga tcheyamani wa msika, munthu wa chipani cholamula, foni ya m'manja ili lende m'chiuno kuti tonse tiione.

"Amake mwana, muli shani? Uyu mudala wa pachitenge ali kumbuyo kwanu agulitsa chani muno?"

"Ba Tcheya, ni nsalu chabe."

"Nsalu chabe? Iyi tebulo bambiri baifuna."

Kutacha ndinachitembenuza chitengecho. Koma nsalu ya kwathu utoto unkalowa mbali zonse, mkuluyo ankangoonekabe. Mayi wogulitsa nsomba za kapenta pambali panga anaseka mpaka misozi.

"Mwamubisa olo mwamuchapa chabe?"

Tcheyamani anandiponyera chitenge chatsopano cha chipani chawo, chochokera kunja, chonyezimira ngati pulasitiki. Ndinathokoza, ndinamanga. Masana ndikuwerama kutola timati limene linagwa, mfundo inangoti pululu. Mwana anatsetsereka chamutu. Amene anamuwakha ndi mayi wa kapenta uja, mbale yake n'kutayika pansi. Sanaseke tsiku limenelo.

Kusiya tebulo sindikanatha, kuberekera choterera chija sindikanathanso. Ndiye ndinayamba kumanga ziwiri: chakale mkati, cholimba bwino pachifuwa, chatsopano pamwamba chongophimba. Kutentha kwa Okutobala mwana ankanyowa thukuta, ine kumukupiza ndi katoni, maso ali kunjira, kuopa kuti kansonga ka mkati katulukira.

Tcheyamani anadutsanso, foni ili kukhutu, n'kundikodola.

"Ehe! Manje mwana ali m'boma."

"Ee, ba Tcheya," ndinayankha, dzanja langa lili pa mfundo ya mkati, kuona ngati yagwira.