Mafuwa a Emama Askale

Ku Metehara kuno aliyense amadziwa kuti Emama Askale saphikira pa mafuwa. Ali ndi kachitsulo ka miyendo itatu kamene amayenda nako ku ukwati ndi ku maliro komwe, ndipo amayi anzawo amawanena kuti ndi matama a munthu amene anaphikirapo anthu ophunzira. Iwo amangoseka nawo, koma si matama ayi.

Anayamba kuphikira akatswiri a miyala amuna awo atangomwalira, ndipo anakalambira momwemo. Chilimwe chilichonse galimoto inkabwera kuchokera ku Addis Ababa, kuwanyamula pamodzi ndi chiwaya chophikira injera, buledi wopyapyala wa kuno, ndi thumba la ufa wa tefu, mbewu yonga mawere, n'kukamanga msasa kuchigwa kumene nthaka inang'ambika n'kusiya maphompho. Anthuwo ankangokhalira kugogoda matanthwe ndi nyundo dzuwa likuswa mtengo, n'kubwerako milomo itauma, matumba ali tho ndi miyala. Akuti ankafuna kudziwa zaka za mwala uliwonse, kuti adziwe pamene nthaka inang'ambikira. Emama ankawatcha ana awo amisala. Komabe makutu anali nawo. Ankadziwa bwino lomwe kuti mwala wolembedwa muvi wofiira sukhudzidwa, ndiponso kuti moto umafufuta zaka za mwala, moti wokalamba kalekale umaoneka ngati wadzana. Zimenezi ankadzitama nazo kumsika, osapatsa mnzawo mpata wolankhula.

Chaka china m'galimotomo munatsika Dejene, mnyamata wowonda wa ku yunivesite, wodya ngati akumuthamangitsa. Anzake ankangolandira mbale n'kutembenuka, koma iye ankawatungira madzi Emama ndi kuwawazira nkhuni. Ntchito yake inali phompho lina kutsidya kwa mtsinje wa Awash. Anayenera kuswa miyala kuyambira pansi mpaka pamwamba, ndipo maphunziro ake onse anali pa miyala imeneyo.

Msasa wa chaka chimenecho unamangidwa pamalo oipa. Ponseponse panali miyala yopepuka ngati chinkhupule, yongofumbutuka ikamva moto. Tsiku lina fuwa limodzi linaphwanyika, chiwaya chinapendekeka, injera yonse khu pansi.

"Ha, Emama!" anafuula Wolde, dalaivala wa gululo, munthu wapakamwa. "Lero mwaphikira nyerere? Ukalambatu uwu. Tikupezereni kamtsikana kokuthandizani?"

"Iwe Wolde, ndinayamba kuphika kuno usanadziwe kupukuta mamina. Choka apa!"

Mtima uli m'mwamba, Emama anazungulira kuseri kwa matenti n'kupeza mulu wa miyala yakuda, yolemera bwino. Anasankhapo itatu yofanana. Akanakhala kuti sanapse mtima akanaitembenuza kaye, pakuti zimenezi ankazidziwa. Matumba anali atamuthera Dejene, ndiye miyala yake anaiunjika pamenepo, mivi itayang'ana pansi.

Mafuwa amenewo anagwira ntchito mpaka tsiku lopasula msasa. Injera inkapsa bwino, Wolde anatseka pakamwa. M'mawa wa tsikulo Emama anakankha fuwa limodzi ndi phazi kuti akolope phulusa, ndipo kunsi kwake anaona muvi wofiira. Anatembenuza lachiwiri, muvi. Lachitatu sanafune n'komwe kuliyang'ana.

Kumapiri mvula inali itayamba, Awash atadzaza, wosaolokeka. Dejene anali pafupi pomwepo, akumanga zingwe za tenti uku akuimba. Kunali kungomuitana basi. Koma Emama anaganiza za kuseka kwa Wolde, anaganiza za amayi akumsika aja, ndipo manyazi anawagwira. Ananyamula miyala ija pansi pa nsalu, anakaikwecha ndi mchenga mpaka mwaye wonse unachoka, n'kuibwezera pamulu.

Dejene atapeza matumba, anailongedza umodziumodzi. "Emama, awatu ndi ana anga," anatero akuusisita umodzi mwa itatu ija. "Ndikadzakhala dokotala wa za miyala, mudzakhala kutsogolo pa phwando."

"Mulungu akuthandize, mwana wanga," anayankha osamuyang'ana.

Chilimwe chotsatira galimoto inabwera yopanda Dejene. Wolde ndiye anafotokoza, akusuta fodya. "Mnyamata wanu uja zamukanika. Miyala yake inalankhula zamisala, wapansi penipeni akuti ndi wamng'ono kuposa wapamwamba. Akuluakulu akuti anaisokoneza, ndi wosasamala. Kubwererako sizitheka, chaka chino tikupita kwina."

Emama anaphikabe zaka zingapo, koma kumsika anasiya kukamba za miyala. Ndi nthawi imeneyo pamene anakasulitsa kachitsulo kaja.

Ndiye ngati mwadala, boma linamutumiza Dejene kudzaphunzitsa pa sekondale ya konkuno. Anawafunafuna Emama mpaka kuwapeza. Chikondwerero chilichonse amabwera ndi khofi wosakazinga, amakhala pampando wa pakhomo, amawauza za ana asukulu osamva. Akanakhala munthu wamwano bwenzi zili bwinoko. Ulemu wakewo ndi umene umawadya Emama, moti akamuona akubwera amafuna kuthawira kumbuyo kwa nyumba.

Mwezi wathawu mwana wawo wamkazi amakwatiwa. Mphika wa nyama unali waukulu, kachitsulo kaja sikakanatha kuusenza. Amayi anayamba kuwaseka mwachizolowezi. "Lero tiona, a madamu! Kachitsulo kanu kakukanani!"

Dejene, amene anali atabwera kudzathandiza, anavula jekete. Anapita kuseri kwa mpanda n'kubwerako ndi miyala itatu yakuda, thukuta lili kamukamu. Uliwonse anautembenuza kaye, kuuyang'ana kunsi, kenako n'kuuika. Anakoleza moto yekha.

"Iyi siiphulika, Emama. Miyala ndimaidziwabe pang'ono," anatero akuseka.

Emama anayang'ana imvi zimene zayamba kumera m'mutu mwake. "Dejene, mwana wanga, miyala yako ija ya kutsidya…"

"Aa, musandimvere chisoni, Emama," anawadula mofatsa. "Mwala sunama. Ndine ndinalakwitsa penapake. Mpaka lero ndimakhala pansi kufunafuna pamene ndinasokoneza, osapapeza. Mwina akuluakulu aja ananena zoona, ntchito imeneyija sinali yanga."

Anapukuta manja m'thalauza n'kuwafunsa ngati pali china chofunika kunyamula. Emama anapukusa mutu. Anagwada pansi n'kuyamba kuuzira moto umene unali utayaka kale.