Rula ya Doña Herminia

Doña Herminia Choque akhala pakhomo la khothi kuno ku Cochabamba, m'dziko la Bolivia, zaka makumi atatu, akutayipira anthu makalata a minda, a maukwati otha ndi a milandu ya malire. Sukulu analekezera ku pulayimale. Ine Anselmo, amene ndaphunzitsa Chisipanishi mpaka kumera imvi, ndimawachitira nsanje, ndipo sindibisa.

Tonse awiri tinalemba mabuku, aliyense lonena za malemu amayi ake, chaka chimodzimodzi, kampani yosindikiza imodzimodzi. Langa linali lonenepa, lachikuto cholimba. Lawo kanali kabuku kolowa m'thumba la malaya.

Tsiku losaina mgwirizano, bwana wa kampaniyo anatigulira salteña zotentha, timabanzi ta nyama ndi msuzi m'kati. Ine ndinasaina msuzi wake ukuchucha m'zala, chifukwa munthu amene wakudyetsa sumuwerengera pepala lake pamaso ngati wakuba. Doña Herminia anavala magalasi, n'kuika rula pansi pa mzere woyamba, n'kumatsika nayo pang'onopang'ono monga amachitira kukhothi. Salteña yawo inazizira pambale. Pa tsamba lachinayi rula inaima.

"Bwana, apa mukuti bwanji? Kumasulira m'zilankhulo zina, kuwerenga pa wailesi, sewero, kanema, zonsezi zikhale zanu?"

"Ndi mawu chabe amenewo, mayi. Aliyense amasaina."

"Anthu amene anauzidwa choncho ndi amene amadzaza benchi yanga. Ine ndabwera kudzakugulitsani mazira, osati nkhuku."

Anakhwatcha ndime yonseyo n'kusaina m'mbali mwake. Ine manyazi anandigwira mpaka ndinawapepesera. "Muwakhululukire, bwana, anazolowera milandu ya nkhumba," ndinatero, ndipo ine ndi bwanayo tinaseka.

Chaka chatha wailesi ya alimi inapempha kabuku kaja, ndipo chilolezo anapereka ndi Doña Herminia eni ake. Tsopano amakawerenga m'Chikechuwa, chilankhulo cha anthu akumudzi kuno, masana aliwonse. Kumsika amayi ogulitsa mbatata amasiya kasitomala ali chiimire kuti amve zimene amake a Herminia achite lero. Ine ndikadutsa pamenepo mtima umandiwawa. Buku langa ndi labwino kuposa lawo, ndikulumbira, koma likudya fumbi m'sitolo.

Kenako Tía Casilda, mng'ono wawo wa amayi anga, anandiitanitsa kumudzi. Akalamba kwambiri, satha kuwerenga, ndipo Chisipanishi amangomva moni.

"Iwe Anselmo, amake a Herminia tonse tikuwadziwa tsopano, mpaka dzina la bulu wawo. Nanga achemwali anga adzalankhula liti m'wailesimu? Ndikufuna mudzi wonse uwamve ine ndisanatsikire kuli chete."

Nditakawapempha, a wailesi anavomera tsiku lomwelo. Kampani ndiyo inakana. Akuti ufulu umenewo ndi wawo, ndipo akuusungira munthu wa kanema amene mwina adzabwera tsiku lina. Ndawalembera makalata atatu, yankho lake limodzimodzi.

Dzulo ndinameza ulemu wanga n'kukakhala pabenchi ya Doña Herminia, kumbuyo kwa bambo wina wa mlandu wa ngalande. Nthawi yanga itakwana ndinawapatsa mgwirizano uja. Anatulutsa rula yomwe ija. Ndinaiyang'ana ikutsika, mzere ndi mzere, mpaka tsamba lachinayi, pamene panali dontho la msuzi louma.

"Palibe pothawira, mayi?"

"Aphunzitsi, amene analemba pepalali amaidziwa ntchito. Amayi anu adzalankhula Chikechuwa tsiku limene bwana uja adzafune."

"Nanga Tía Casilda ndikawauze chiyani?"

Anavula magalasi, n'kupinda pepalalo bwinobwino, n'kundibwezera.

"Mukawauze kuti salteña inali yotentha. Wotsatira!"