Ntchentche za Mwana Wanga

Ine pakamwa ndili napo, kwa Lundu kuno aliyense amadziwa. Koma nkhani ya ntchentche ndakhala nayo chete mpaka lero.

Mwana wanga wamkazi, wachisamba, anapita ku yunivesite kukaphunzira sayansi, ine n'kuuza mudzi wonse kuti tikulera dokotala. Chaka chake chomaliza anabwera nthawi yotentha atanyamula katoni ya mabotolo otseka ndi thonje. Nditasuzumira ndinaona phala la nthochi, pamwamba pake pakuyendayenda tintchentche tija timaunjikana pa mango ovunda.

"Zaka zonsezi kusukulu, wabwerako ndi ntchentche?" ndinamufunsa.

Anaseka n'kundikhazika pamkeka. "Amayi, tinthu timeneti tili ndi ubongo. Timagona, timakalamba, timadwala matenda ena onga athu. Timaswana msanga, masabata awiri okha mwaona kale ana ake. Zimene simungayese pa munthu mumayamba mwaziona pa timeneti."

Tina anakatchera ku Marka, tina kwa Chapananga, n'kutiweta miyezi yambiri. Ankafuna kuona ngati ta kouma timapirira kutentha kuposa ta kumadambo. Popanda zotsatira zake sakanamaliza sukulu chaka chimenecho.

Ine ndinangoti mxii, n'kunyamuka. Amene ankamvetsera ndi bambo ake. Anali atadwala kale, manja akunjenjemera moti ngakhale kusoka ukonde anali atasiya. Ankakhala pakhonde, botolo lili m'manja, maso ali dwii.

"Nazonso zimanjenjemera ngati ine?" anafunsa tsiku lina.

"Alipo amene amaphunzira matenda anuwa pa ntchentche zomwezi, ababa."

"Pyadidi, zili bwino. Ndiye maliza msanga, ndikakuone utavala mkanjo wa omaliza maphunziro uja ndisanatsikire kulichete."

Tonse tinkadziwa kuti sakunena zoseka. Jekete yawo ya kutchalitchi anali ataichapitsa kale.

Kenaka aphunzitsi ake anamuitana ku Blantyre kwa masiku atatu. Asananyamuke anaika katoni pansi m'chipinda cham'kati, n'kuifunditsa thumba lonyowa. Anandigwira mkono: "Muzilinyowetsa m'mawa, masana ndi madzulo. Musazitulutse, amayi, chonde. Dzuwa la kuno lizipha."

Tsiku lachiwiri amayi a kumpingo ankabwera kudzapemphera kunyumba kwanga. Vuto linali fungo. Nthochi zikasasa zimanunkha ngati mowa, ndipo nyumba yonse inkamveka ngati pophikira kachasu. Mayi wina anali atandinong'oneza kale kudilawo, tikutunga madzi, kuti, "Kwanu kuja mwayamba kutcheza?" Ine, mkazi wotsogolera nyimbo! Manyazi anandigwira, mkwiyo n'kubwera pamwamba pake. Ndinanyamula katoni ija n'kukaibisa kuseri kwa khola la mbuzi, pansi pa lata lakale. Ndinkati ola limodzi lokha.

Tinaimba, tinapemphera, tinamwa thobwa. Ndinawaperekeza mpaka kumsewu, kumene tinaimanso n'kumadya miseche ya anthu ena. Ndinakumbukira dzuwa litapendeka. Mayo ine! Lata lija linandiwotcha zala. M'mabotolo monse munali zii, tintchentche tili mbwee pansi, ngakhale timphutsi take osagwedera.

Ndinachita chinthu chimene chimandinyansa mpaka pano. Ndinabweza katoni m'chipinda, ndinanyowetsa thumba bwinobwino, n'kulifunditsa monga analisiyira.

Mwana atabwera analowa m'chipinda asanamwe n'komwe madzi. Ndinamva mabotolo akugundana, limodzi limodzi. Nditalowa ndinamupeza atanyamula katoni, akuyang'ana kunsi kwake. Kunali kutamatirira ndowe za mbuzi. Anandiyang'ana. 

"Kwagwanji m'menemo?" bambo ake anafunsa ali pakhonde.

"Zafa, ababa. Kutentha. Chaka chino kwanyanya."

"Pepa, mwanangu. Amayi ako anayesetsa, ndinkawaona ndi ndowa."

Mwana anatuluka ndi katoni ija. Anatenga beseni n'kukatsuka mabotolo ake kuseri kwa nyumba. Ndinapita kuti ndimuthandize, koma anati, "Siyani, amayi, mupume." Akanandikalipira bwenzi zili bwino. Ndikanakalipa nanenso, tikanalira, zikanatha.

Kusukulu anamuuza kuti ayambirenso. Anabwereranso ku Marka ndi kwa Chapananga, koma ulendo uno ntchentche sanazibweretse kwathu. Anazisungitsa kwa mphunzitsi wina wa kusekondale, munthu wachilendo. Chaka chinawonjezekera.

Bambo ake anadikira mmene akanathera. Masiku ambiri ndinkakhala pambali pa mphasa yawo ndikuti lero ndinena. Ndinkatsegula pakamwa n'kufunsa ngati akufuna madzi. Anamwalira mvula ikutha, kutatsala miyezi yochepa kuti mwana avale mkanjo.

Kumwambo wovala mkanjowo ndinapita ndekha. Atatchula dzina lake ndinaimirira kuti ndilulutire ngati amayi anzanga, koma ndinangokhalanso pansi osalulutira. Pambuyo pake anandikumbatira, n'kundiveka chipewa chake kuti atijambule. Sananenepo za katoni ija, tsiku limenelo kapena lina lililonse.

Ndikudandaula, ndipo ndidzadandaula mpaka kufa. Mwamuna wanga anapita akuimba mlandu dzuwa, akundiyamikira ine. Dzuwa linaphadi, koma amene ananyamula katoni ndine.