Alamu Andichotsera Msewu pa Gemu ya Basi

Moni nonse. Alamu anga aZulu a ku Emakhandeni andilakwira lero, ndipo ndikuwatchula pompano kuti asadzakane.

Anabwera m'mawa kudzationa, n'kundipeza pa kompyuta ndikusewera gemu yanga yoyendetsa basi. Akuti, "Alamu, zithunzi zanuzi n'zazing'ono, dikirani ndikukulitsireni." Ine ndinatuluka kukawagulira buledi. Pobwera ndapeza munthu wathawa, tiyi wamusiya pa tebulo.

Kuyang'ana pa sikirini, chiwongolero chokha chadzaza ponseponse. Msewu kulibe! Ndalowa ku masetingi kuti ndibweze, batani lovomerezera lagwera kunsi kwa sikirini, mausi sakufikako. Ndainyamula sikiriniyo, ndaipendeketsa, ndasuzumira mpaka pansi pake, batani osaoneka. Ndazimitsa n'kuyatsa kanayi, chimodzimodzi.

Ndiye ndinati ndingoyenda choncho, msewuwo ndimaudziwa pamtima. Hayi! Ndangomva phuu, basi yagunda chinthu chimene sindinachione n'komwe. Ine amene zaka zonsezi ndayendetsa kombi ya ku Nkulumane osakandako galimoto ya munthu!

Akazi anga, mlongo wawo wa aZulu omwewo, aseka mpaka kukhala pansi, akuti andiitanire apolisi. Panopa ali pa mpanda kuuza azimayi anzawo kuti ndachita ngozi pabalaza. Mawa nkhaniyi ifika ku renki, madalaivala anzanga ndiwayang'ana bwanji?

Abale, weruzani. Chibale chimatero?

Inu aZulu, foni simukuyankha koma ndikuona kuti mukuwerenga. Kwerani kombi lero lomwe mudzabweze msewu wanga. Mukatero muime pa mpandapo, muwauze azimayiwo ndi pakamwa panu kuti dalaivala analibe mlandu.