Amuna Anga Ankafa M'filimu Iliyonse

Achimwene anga, a Tien-fu, akhala akujambula mafilimu mumzinda uno wa Tainan chiyambire ali ndi tsitsi. Anayamba ndi kunyamula zingwe za magetsi, kenako kujambula maukwati, mpaka anagula chipewa n'kudzitcha dairekitala. Mafilimu awo ndi aja anthu amalowa pothawa kutentha kwa panja, n'kugona bwinobwino. Eniake amati anthuwo amakhala akusinkhasinkha.

M'filimu iliyonse mumayenera kufa munthu, ndipo wakufayo anali mmodzimodzi: amuna anga, a Bun-hiong, okonza njinga zamoto. Anabayidwapo, anamirapo m'dziwe la nsomba, tsiku lina anatsamwidwa ndi fupa. Akadzuka, achimwene ankawapatsa envelopu yofiira ya ndalama, paja wosewera maliro sapita kwawo chimanjamanja, tsoka lingamutsatire.

"Alamu, simunafe bwino, chala chikugwedera. Ifaninso!"

"Ndafa kale kawiri, mpunga wanga ukuzizira!"

Ine ndinkangoseka ndili pamapoto, popeza ndine ndimaphikira gulu lonselo. Koma chaka chatha adokotala atawapeza amuna anga ndi vuto la mtima, phwete linandithera. Ndinachita mantha, ndisaname.

Tsiku loyamba filimu yatsopano, makamera ataphimbidwa ndi nsalu yofiira, aliyense atagwira lubani kupempha mwayi, ndinakokera achimwene pambali.

"Amuna angawa mwawapha kokwana. Ulendo uno akangogona pansi, muziphika nokha."

"Iwe A-giok, envelopu ilipo kale."

"Envelopu yanuyo imadziwa za mtima?"

Anavula chipewa, n'kukanda padazi. Munthu woti ngakhale mphepo yamkuntho itasasula denga sasintha nkhani, m'mawa mwake anabwera atasintha. Nkhalamba ya m'filimuyo, imene amuna anga azisewera, siifanso ayi. Izingokhala pakhonde, kumwa tiyi, mpaka filimu kutha.

A Bun-hiong m'malo mothokoza anapsa mtima.

"Mwandichotsa ntchito? Ndakuferani zaka zonsezi, ndalakwanji?"

"Alamu, mungokhala ndi moyo basi. N'zovuta?"

Abale, zinali zovutadi! Atangowakhazika pampando, kamera n'kuyamba, bambo aja anauma gwa, maso tsinzinu, mpweya ataugwira.

"Pumani, alamu! Tsegulani maso!"

Anatsegula, koma kuchita kutong'ola ngati nsomba yapamsika. Anyamata a magetsi anathawira kuseri kukaseka. Anayesanso, tiyi n'kutayikira pabuluku. Thukuta lili kamukamu, anandifunafuna ndi maso mpaka anandipeza. Anandifunsa motsitsa mawu, mwamanyazi ndithu:

"Mayi, kodi wamoyo amaika pati manja?"

Ndinasiya chipande, n'kudutsa pakati pa zingwe zonse zija ndi epuloni yanga yamafuta. Ndinakhala pambali pawo n'kutenga dzanja lawo, kuliika m'manja mwanga. Linali lofunda.

Achimwene, amene amakalipira ngakhale ntchentche ikadutsa pakamera, sanaimitse kujambula.