Chinsinsi Chomwe Ndinatumiza ku Misuku

Ndinaganiza zochoka ku Misuku m'nyengo yothyola khofi, dengu lili m'manja, digiri ili m'sutikesi pansi pa bedi. Ndinali nditakhala pakhomo chaka chathunthu chimalizireni maphunziro a za maganizo a anthu ku Zomba, ndipo m'boma lonse la Chitipa munalibe ofesi yofuna munthu ngati ine. Amayi anga ankauza anzawo kuti ndinaphunzira udokotala wa mutu. Ena ankabweradi ndi mutu waching'alang'ala kudzafuna mapilitsi, n'kubwerera atakhumudwa. Choncho malo ena opereka uphungu ku Blantyre atandiitana, sindinafunse n'komwe za malipiro.

Pondiperekeza ku galimoto amayi anandipatsa mawu amodzi okha. "Tusekile, mwana wane, ukakapeza wa kwathu kumeneko usamulambalale yayi. Kutali, munthu wa kwanu ndi m'bale wako."

Blantyre anandilandira ndi mafunso. Anzanga a kuntchito ankafuna kudziwa ngati popita kwathu pamafunika pasipoti, ndipo ndikalankhula Chichewa ankadikira ndimalize kuti andiyeserere. Ndinkaseka nawo, nanga n'kutani. Tsiku lonse ndinkamvetsera mavuto a anthu, madzulo n'kubwerera ku kachipinda kanga ku Chilomoni komwe kunalibe wondifunsa kuti ndaswera bwanji. Ndalama ndinkatumiza pa foni mwezi ndi mwezi, za feteleza, kenako za malata. Lamlungu lililonse amayi ankakwera kachitunda kuseri kwa tchalitchi, komwe netiweki imagwira, n'kundiimbira. Funso lawo silinkasintha: waonana ndi ndani wa kwathu? Kwathu funso limeneli si miseche. Amene ali kutali amayang'anirana, ndipo wobisa kuti waona mwana wa mnzake amayesedwa wouma mtima.

Ntchito yathu ili ndi malamulo ake, ndipo Mayi Phiri, amene ankatiyang'anira, ankatiwerengetsa mokweza ngati ana a sukulu. Awiri mwa malamulowo ndinkatha kuwanena ngakhale ndili m'tulo. Loyamba, usalandire m'bale wako kapena munthu amene moyo wake walukana ndi wako. Mtumize kwa mnzako. Lachiwiri, zonse ndi chinsinsi, ngakhale kungoti munthuyo anabwera. Umaulula pokhapokha ngati moyo wake kapena wa wina uli pangozi, kapena khoti lalamula. Pa mayeso ndinakhoza bwino gawo limeneli, ndipo ndinkanyadira.

M'chaka changa chachitatu kunabwera mnyamata amene pano ndimutcha Lughano. Si dzina lake, ndipo wandilola kulemba izi. Nditangoona dzina la bambo ake pa fomu ndinamudziwa. Amayi ake amakhala benchi imodzi ndi amayi anga ku Umanyano, gulu la amayi a mpingo. Mnzanga wa uphungu anali m'chipinda choyandikana, alibe munthu womuona. Ndikanangodzuka n'kugogoda. Koma Lughano anaona dzina langa pa chitseko, n'kundipatsa moni wa kwathu, "Mwaghona," ndipo mtima wanga unasungunuka. Zaka zitatu palibe amene anandipatsapo moni umenewo maso ndi maso. Ndinadziuza kuti adzamasuka bwino m'chilankhulo chathu. Zinali zoona, koma sichinali chifukwa changa. Ine ndi amene ndinkafuna womulankhula.

Ndinamuwerengera pepala la chinsinsi kuti asayine. Anagwira cholembera n'kuima kaye.

"Nanga kumudzi, adada ndi amama sakamva?"

"Makamaka kumudziko," ndinatero. "Sikudzafika kanthu."

Zomwe anandiuza m'chipinda muja sindilemba pano. Ndinatulutsa kale zokwanira. Ndingonena kuti sanali wamisala. Chinali chisoni cholemera chimene chimamulanda munthu tulo ndi chilakolako cha chakudya, ndipo chimachizika. Ankabwera Lachiwiri lililonse. Pofika mwezi wachitatu anali atayamba kuseka, ndipo ankakamba za Suwilanji, mtsikana wa ku Chisenga amene ankafuna kumukwatira. Ng'ombe za malowolo zinali zitapita kale. Chotsala chinali ukwati wa kutchalitchi, mvula ikatha.

Lamlungu lina amayi anaimba ali ndi nkhawa ya mnzawo. Amayi a Lughano ankalira kuti mwana wawo sakuyankha foni, ndipo akayankha mawu ake samveka bwino. Ankaopa kuti wagwa m'mowa kapena wapeza mkazi wa m'tauni. Ndinamva chisoni. Ndinamvanso kanthu kena kamene ndimachita nako manyazi mpaka lero: ndinkafuna amayi adziwe kuti ntchito yanga, imene sankaimvetsa, ikuthandiza mwana wa mnzawo.

"Muwauze asadandaule," ndinatero. "Ali bwino tsopano. Ndimamuona Lachiwiri lililonse kuntchito kwanga."

Mawu ake ndi omwewo basi. Sindinatchule matenda. Nditadula foni ndinadziwa chomwe ndachita, ndipo ndinaimbanso kuti ndiwaletse, koma anali atatsika kale kachitunda kaja.

Amayi anga si amiseche. Anachita chimene mkhristu wabwino wa kwathu amachita. Pa Umanyano wotsatira anaimirira n'kupempha amayi onse kuti apempherere mwana wa mnzawo amene akudwala mutu ku Blantyre, koma Mulungu ndi wabwino, ali m'manja mwa Tusekile. Amayiwo anapemphera ndi mtima wonse. Mmodzi mwa iwo anali azakhali a Suwilanji, okwatiwa ku Misuku. Sipanathe milungu iwiri ng'ombe zija zinabwezedwa, akwawo a mtsikana atanena kuti misala imayenda m'magazi.

Lachiwiri lotsatira Lughano sanabwere. Ananditumizira uthenga wa mzere umodzi: "Amayi anu andipempherera ku Umanyano, yewo chomene."

Malamulo athu amanenanso chochita ukalakwa. Umakauza wokuyang'anira, umalemba zoona mu fayilo, umamuuza wolakwiridwayo komwe angakadandaule. Ine ndinatsegula fayilo ya Lughano n'kulembamo kuti wasiya yekha kubwera, chifukwa sichikudziwika. Mayi Phiri anasayina pansi pake osandifunsa kanthu, chifukwa ankandikhulupirira. Bodza limenelo limandiwawa kuposa foni ija. Pa foni lilime linaterereka, koma apa ndinakhala pansi n'kusankha mawu.

Zaka zinayi zotsatira sindinaponde kwathu. Khirisimasi ikafika ndinkati ntchito yachuluka, n'kutumiza ndalama zochulukirapo. Nyumba ya amayi inapakidwa penti, ine osaiona. Kuntchito anandikweza, mpaka ndinayamba kuphunzitsa achinyamata obwera kumene malamulo omwe aja. Ndikafika pa chinsinsi ndinkalankhula mwamphamvu kuposa aliyense, ndipo ankanditama kuti ndine wokhwimitsa. Usiku ndinkadikira kalata yochokera ku bungwe lotipatsa chilolezo cha ntchito, yonena kuti munthu wina wadandaula. Sinabwere.

Chaka chatha bungwe lina linatsegula chipinda cha uphungu pafupi ndi Lufita, m'boma lathu la Chitipa, ndipo linkafuna munthu wodziwa zilankhulo za kuno. Amayi anali atayamba kudwala miyendo. Ndinavomera, ndikudziuza kuti wakwata kwa mphezi saopa kung'anima. Ndinakwera kupita ku Misuku nditakonzekera kutukwanidwa.

Palibe ananditukwana. Amayi a ku Umanyano anandiimbira nyimbo pakhomo. Amayi a Lughano anandigwira manja onse awiri, kundithokoza kuti ndinasamalira mwana wawo kuchilendo. Tsiku lachitatu azakhali a Suwilanji anabwera ndi nkhuku.

"Imwe munatiwovwira chomene, munatithandizadi, adokotala," anatero. "Mukanakhala chete, tikanapereka mwana wathu osadziwa. Wophunzira wina akanabisa."

Ndinalandira nkhukuyo, chifukwa kukana mphatso pakhomo pa amayi ako ndi mwano. Sindinathe kudya. Madzulo ndinawauza amayi kuti zomwe ndinanena pa foni zinali zoletsedwa, kuti ndinaphwanya lamulo. Anandiyang'ana modabwa.

"Lamulo lakuti munthu adwale yekha, abale ake osadziwa? Nanga akanafa kumeneko, tikanati vichi?"

Funso lawo silinali lopusa. Kwathu matenda ndi a onse, maliro ndi a onse, ndipo chikondi chimenecho n'chimene chinandilera. Koma chikondi chomwecho sichidziwa kutseka pakamwa, ndipo ine ndinkadziwa zimenezi kuposa katswiri aliyense wa ku Blantyre. Pepala limene Lughano anasayina ndi lokhalo limene likanamuteteza kwa anthu omukonda.

Lughano ndinamupeza pa Boma la Chitipa. Anabwerera kale, ndipo ali ndi kashopu ka zipangizo za njinga zamoto zimene amakapikula ku Tanzania. Sanakwatire. Anyamata a kabaza amamutcha dzina lina lachipongwe, iye n'kumayankha ngati sakumva kuwawa. Atandiona anandipatsa mpando, n'kupitiriza kupukuta unyolo.

Ndinanena zonse: foni, fayilo, bodza. Ndinamuuza kuti akanayenera kutumizidwa kwa mnzanga tsiku loyamba lomwe. Ndinamuuzanso kuti angathe kukandineneza ngakhale lero, ndipo ndimulembera komwe angapite.

"Ndinkadziwa kuti kuli kokadandaula, asisi," anatero. "Munandiwerengera nokha pa pepala lija. Koma kukadandaula ndiye kuti ndikakhale pamaso pa anthu ena, ndifotokozenso zonse. Ndinafotokoza kale kamodzi."

Ndinamupempha chilolezo choti ndilembere Mayi Phiri zoona. Anati ndilembe, bola dzina lake lisaoneke. Kalatayo ndinatumiza, ndipo nkhaniyo ili m'manja mwa akuluakulu. Chomwe agamule ndichilandira. Tsiku lija, tisanasiyane, ndinamufunsa ngati ali bwino masiku ano. Anaika unyolo uja pansi.

"Chimabwerabe. Makamaka mvula ikatha. Zomwe munandiphunzitsa zimathandiza, sindinama yayi. Koma sindinauzeponso munthu." Kenako anandifunsa: "Ndamva mwatsegula ku Lufita. Mulipo angati?"

"Ndili ndekha."

"Ndiye ine ndipita kwa ndani?"

Apo m'pamene ndinaona kukula kwa mlandu wanga. Ndinkaganiza kuti ndinamulanda mkazi ndi mbiri. Ndinali nditamulandanso khomo lokhalo limene akanagogoda, kenako n'kubwera kudzakhala pakhomo lomwelo. Ndinamuuza kuti ine sindingamuone, lamulo silindilola ndipo iye sayenera kundikhulupirira. Koma ndili ndi mnzanga ku Mzuzu, katswiri wabwino, amene amalankhula ndi anthu pa foni. Ndinati ndingamupatse nambala, aimbe yekha, ine osadziwa ngati waimba kapena ayi.

Lughano anapukuta manja pa nsanza, n'kutulutsa foni m'thumba. Sanaitsegule msanga.

"Mnzanuyo kwawo n'kuti?"

"Ku Nsanje."

"Ali ndi wachibale kuno? Mlamu, kapena wa mpingo?"

"Chitipa sanafikeko n'komwe."

"Ndiye ndipatseni," anatero.