Mulu wa Bambo M'munda wa Tirigu

Mng'ono wanga Zhenlu anabadwira m'chipinda chomwe ndinabadwiramo ine, m'mudzi wa a Kuang, kumene tirigu amafika pakhomo penipeni. Nyuzipepala zimakonda kumutcha mwana wa mlimi. Ndani kuno sanali mwana wa mlimi? Mayeso olowera ku yunivesite atayambiranso, patapita zaka zambiri boma litawaimitsa, tinalemba tonse awiri, ndipo tonse tinakhoza. Ine ndinapatsidwa malo ku koleji ya aphunzitsi yapafupi kuti ndizisamala Amayi. Iye anakwera sitima kukaphunzira zachuma ku Wuhan atavala jekete langa.

Anaphunzitsa, analemba mabuku a za mitengo ya mbewu, kenako chipani chinamubweza kuno kuti akhale bwanamkubwa wa boma lathu. Ndisaname: msewu wa tala anamanga, fakitale ya ufa anaidzutsa. Koma munthuyu sankatha kuona malo atangokhala. Akaona dziwe ankaona nsomba, akaona manda ankaona tirigu amene sanadzalidwe.

Kwathu timaika akufa athu m'minda n'kuunjika mulu wa dothi pamwamba. Chaka china kunabwera lamulo lakuti milu yonse isalazidwe kuti mathirakitala azidutsa. Anthu anakana. Pamsika ankati, "Bwana ayambe ndi bambo ake."

Zhenlu anatulukira kwanga Qingming, mwambo wosesa manda, ili pafupi. Sanakhale n'komwe pansi.

"Achimwene, fosholo yoyamba ndi yanu. Wamkulu ndinu."

"Ohoo, lero wakumbukira kuti ndine wamkulu? Fosholo ya mwana wamkulu imawonjezera dothi, sichotsa."

"Bambo sakusuntha ayi, agona pomwepo. Ndi mulu chabe."

"Pita ukawauze wekha, profesa."

Amayi, amene ankasenda adyo pakhomo, anafunsa chinthu chimodzi: "Nanga ine mudzandigoneka pati? Malo anga ndi pambali pa bambo anu."

"Amayi, malowo ndikuwadziwa ngati chikhatho changa," anatero akuyang'ana kale galimoto.

Anapita yekha, a wailesi ya kanema ali pambuyo, n'kukumba mpaka manja anatuluka matuza. Ine sindinapiteko, mwana wamkulu saonerera zoterozo. Mudzi wonse unatsatira, koma mochenjera. Banja lililonse lisanasalaze linkakwirira njerwa kapena laimu pansi kuti malowo adzapezeke, popeza aliyense amadziwa kuti malamulo amabwera n'kupita. Zhenlu yekha sanaike kanthu. Akuti chizindikiro chobisa n'kunamiza boma, ndipo mtsogoleri sanganamize boma.

Minda anaiphatikiza, malire anafafaniza, mitengo anadula. Kenako lamulo lija linafa mwakachetechete, osalengezedwa. Milu inadzukanso ponseponse, uliwonse pa njerwa yake. Iye n'kuti atakwezedwa kale kupita ku likulu la chigawo, kumene ankalankhula pamisonkhano za nthaka imene anaipulumutsa.

Amayi anamwalira m'nyengo yozizira, Zhenlu atapuma kale ntchito. Bokosi lili m'nyumba, awirife tinali m'munda, tikubaya nthaka youma gwa ndi chitsulo kufunafuna pamene anagona Bambo. Zhenlu ankathamangira uku, kubwerera, kuyang'ana mapolo a magetsi, kuyang'ana denga la kachisi, kuthamanganso, mutu wa imvi uli mbee. Mwini munda ankalalata kuti tikumupondera tirigu.

Pomaliza anaima n'kuloza. "Apa."

"Ukutsimikiza?"

"Ndikaphatikiza zonse, mwayi waukulu ndi wakuti ndi apa."

"Sindinafunse za mwayi, iwe. Bambo ali apa?"

Anayang'ana pansi.

Tinakumba, sitinapeze thabwa kapena fupa. Maliro sakanadikiranso, choncho Amayi tinawaika pomwepo. Abale a Kuang amene anakwirira njerwa akuti dera limenelo munagona azakhali athu aakulu, amene Amayi sankalankhulana nawo moyo wawo wonse. Zhenlu akufuna kuitanitsa makina oona pansi pa nthaka. Ndamuuza kuti fosholo yake isadzakhudzenso munda umenewo ine ndili moyo.